Mazira a Eni m'Chisa cha Stina

Bambo Sixten Mobeck adali munthu woti akakuuzani kuti kunja kukugwa mvula, simukadavutikanso kusuzumira pawindo. Adaswa miyala kumgodi wa kumpoto kwa chilumba chathu cha Öland kwa zaka makumi atatu ndi zisanu ndi ziwiri, mpaka fumbi lidawatseka chifuwa. Sukulu adalekeza atangodziwa kulemba ndi kuwerengera. Kutchalitchi ankapita pa Khirisimasi ndi pamaliro basi, koma bodza ankadana nalo kuposa m'busa mwini wake. Mukawafunsa ngati jekete lanu latsopano lakukhalani, ankakuuzani momwe maso awo aonera. Choncho anzawo adali ochepa, koma ochepawo sankawakayikira.

Akazi awo, mayi Gunborg, ankasoka zovala. Adali mayi wamfupi, wokonda kuseka, ndipo theka la akwatibwi a m'mudzi mwathu lidalowa m'tchalitchi litavala ulusi wawo. Awiriwa adakhala m'banja zaka pafupifupi makumi anayi popanda mwana.

Chaka chachisanu ndi chinayi cha ukwati wawo, mayi Gunborg adakwera boti kuwolokera ku mzinda wa Kalmar, kunyumba yolerera ana amasiye. Kumeneko adakaona kamtsikana ka zaka ziwiri, dzina lake Berit. Pobwera adali atakayeza kale ndi maso, ndipo pakutha pa sabata kadiresi kabuluu kadali katasokedwa, mabatani ndi zonse.

"Mwana wa mnzako ngwako yemwe, bambo," adatero atakayala kadiresiko patebulo.

"Ayi," adayankha a Sixten. "Azidzanditchula bambo, ine nkumavomera. Limenelo ndi bodza la m'mawa uliwonse mpaka kufa. Sindingalithe."

Sadakalipe. Adangonena kamodzi, monga ankanenera chilichonse. Mayi Gunborg adapinda kadiresiko nakaika pansi penipeni pa bokosi la zovala, ndipo nkhaniyo sidatchulidwenso m'nyumba imeneyo.

Atasiya ntchito ya kumgodi, a Sixten adasowa chochita ndi manja awo. Adayamba kukhoma timabokosi ta mbalame kuchokera ku zidutswa za matabwa, natipachika m'nkhalango ya mitengo ya oki imene ili kuseri kwa mpanda wawo wa miyala. Bokosi lililonse adalilemba nambala ndi penti yofiira. Adafika makumi anayi ndi limodzi. Ambiri mwa mabokosiwo ankalowamo tiwakhantchentche, timbalame tija timatera panthambi youma, nkuuluka pang'ono kuwakha kachilombo m'malere, nkubwerera panthambi yomweyo. Timafika kumapeto kwa Epulo kuchokera ku Africa, amuna patsogolo, akazi pambuyo pake.

Chaka china kudabwera mayi Ulrika Hedenmo wa ku yunivesite, mzimayi wamtali wa imvi zoyambirira, woyenda pa njinga ndi makwerero kumsana. Ankafufuza mitundu iwiri ya timbalameti. Ataona kope la a Sixten, momwe ankalembamo tsiku limene mbalame yafika ndi tsiku limene ana auluka, adavula magalasi nawayang'ana.

"Adakuphunzitsani ndani zimenezi, bambo?"

"Palibe. Ndimalemba zimene ndaona."

"Zimene simudaone?"

"Ndimasiya poyera."

Kuyambira tsiku limenelo mabokosi a a Sixten adalowa m'kafukufuku wa mayiwo. Adawaphunzitsa kagwiridwe kake ka ntchito. M'mawa uliwonse nyengo yoikira, munthu amatsegula chivindikiro, ndipo dzira latsopano amalilemba nambala ndi pensulo yofewa kunsonga kwake kobulungira: loyamba wani, lachiwiri thu, mpaka thadzi litamaliza. Ana akakwanitsa masiku khumi ndi awiri amavekedwa kamphete kachitsulo kumwendo, kokhala ndi nambala yakeyake. Motero mbalame iliyonse imadziwika mayi wake, bambo wake ndi bokosi lobadwira. Mayi Ulrika adali ndi nkhalango zambiri zoyendera, ndiye kuno ankafika kamodzi pa masiku khumi. Masiku ena onsewo maso awo adali a Sixten.

Mnansi wawo Helmer, mlimi wa nyemba, ankabwera kudzamwa khofi ndi kudzawaseka.

"A Pulofesa, mwadzuka bwanji? Ana asukulu anu alemba bwino mayeso?"

"Khala pansi, Helmer, ukutchinga kuwala."

"Tandiuzeni, akulu. Mbalame ndi imodzimodzi, yakuda ndi yoyera, mazira abuluu onsewo. Mitundu iwiri ili pati?"

"Uli ndi maso koma umangoonera nyemba. Yamphongo ina ili ndi mkanda woyera wozungulira khosi lonse. Inayo ilibe. Yamkanda imaimba ngati chitseko chosowa mafuta, inayo imaimba modumphadumpha. Tili anyamata kuno kudali zopanda mkanda zokhazokha. Zamkandazi zachita kuwoloka kuchokera ku chilumba cha Gotland, ndipo zikulanda mitengo yabwino yonse."

"Ngati alamu anga," adatero Helmer. "Nanga zikakwatirana?"

"Zimaswa. Koma ana aakazi a ukwati wotero akakula amaikira mazira osaswa. Mpamene pali malire. Bola zikadangosiyana nyimbo, koma apo mpamene ophunzira amati ndi mitundu iwiri."

Mayi Gunborg adali akuthira khofi. Dzanja lawo lidaima pang'ono, kenaka lidapitiriza. Helmer adayang'ana m'kapu mwake nasintha nkhani.

M'chaka cha 1983, m'bokosi la nambala 17 mudachitika ukwati woterowo: tambala wamkanda, thadzi lopanda mkanda. Ana asanu adavekedwa mphete nauluka. Chaka chotsatira mmodzi wa iwo, wamkazi, adabwerera. Sadapite m'nkhalango. Adasankha bokosi la nambala 23, limene lili pamtengo wa maapulo, moyang'anizana ndi windo limene mayi Gunborg ankasokerapo. Kadali kambalame kotuwa, kosaoneka bwino, ka miyendo ngati singano. Mayi Gunborg adakatcha Stina.

"Taonani kudzikonza kwake, ngati mkazi wa m'busa," ankatero. "Bambo, zamkanda mwati zimapita kum'mwera kwa Africa, zinazo kumadzulo. Nanga uyu wapakatiyu amalowera kuti?"

"Palibe akudziwa."

"Koma njira ya kwathu sadaisokoneze."

Stina adapeza mwamuna, adamanga chisa cha udzu ndi makungwa, naikira mazira asanu ndi limodzi. A Sixten adawalemba manambala. Mazira a mbalamezi amaswa pakatha milungu iwiri. Milungu iwiri idatha. Wachitatu udatha. Mwamunayo adatopa kubweretsa timbozi, nasowa. M'mabokosi ena ana adali akulira, kenaka adali akuuluka, koma Stina adali chifungatire. Ankatuluka kukawakha ntchentche ziwiri nkuthamangira m'bokosi ngati wina amuitana. Adafungatira masiku makumi atatu ndi limodzi.

Mwezi umenewo makina osokera adangokhala duu. A Sixten ankapeza akazi awo atakhala pawindo, nsalu ili pamiyendo, singano ilibe ulusi.

"Sakudziwa," adatero mayiwo tsiku lina, osacheuka. "Akuyesa kuti mwina mawa."

M'kope a Sixten adalemba kuti: bokosi 23, mazira 6, oswa palibe.

Nyengo yozizira ya chaka chimenecho mayi Gunborg adayamba kudwala mtima. Miyendo idatupa, ndipo kuchokera pakama kufika pawindo udasanduka ulendo. Dokotala adati asamadandaule ndi kanthu. Epulo atafika, mayiwo adayamba kufunsa m'mawa uliwonse ngati Stina wabwera. Adabweradi pa 4 Meyi, nalowa m'bokosi lomwe lija, naikiranso mazira asanu ndi limodzi.

M'mawa wina, Stina atafungatira masiku asanu ndi anayi, a Sixten adapeza nthenga zotuwa zitamwazika pansi pa bokosi la nambala 9. Mphaka wa Helmer adali atagwira thadzi la m'menemo likutuluka. A Sixten adakwera makwerero, natsegula. Mazira asanu adali m'chisa. Adawakhudza ndi kuseri kwa chala: adali ofunda.

Adaima pamakwereropo nthawi yaitali. Kenaka adavula chipewa, naikamo mazirawo pamodzi ndi udzu wake, nachilowetsa m'malaya pachifuwa. Adadzera kuseri kwa nyumba kuti mtengo uwatchinge. Stina atatuluka kukadya, adachotsa mazira ake asanu ndi limodzi, naika asanu aja. Manambala a pensulo adawafufuta ndi chala chonyowetsa malovu nawalembanso. Mazira a Stina adakawakwirira patsinde pa mpanda wa miyala. M'kope adalemba kuti ku bokosi 9 thadzi lafa ndipo mazira aonongeka, ku bokosi 23 dzira limodzi lasweka ndipo atsala asanu. Limeneli lidali bodza loyamba limene munthuyu adalemba ndi dzanja lake, ali ndi zaka makumi asanu ndi limodzi ndi zinayi.

Patapita masiku asanu adamva akazi awo akufuula.

"Bambo! Bambo inu! Watulutsa chikhokhombe! Wanyamula chikhokhombe cha dzira kukamwa!"

Adawapeza ataimirira popanda ndodo, mphumi atakanikiza pagalasi. Masabata awiri otsatirawo mayi Gunborg adadya bwino kuposa chaka chonse. Ankawerenga maulendo a Stina ndi mwamuna wake, mpaka makumi atatu pa ola. Adaphikanso zibulunga za mbatatesi zoika nyama ya nkhumba m'kati, zimene adali atasiya kalekale, naitana Helmer.

"Ophunzira ako anama, a Pulofesa," adatero Helmer, mafuta ali kuchibwano.

"Mako ndi mako, usamuone kuchepa mwendo," adatero mayi Gunborg, akuloza pawindo ndi foloko. "Ankamunena kuti chumba. Aone tsopano."

A Sixten adayang'ana m'mbale.

Mayi Ulrika atafika, adamugwira Stina, nawerenga mphete kawiri, nayang'ana nthenga za pakhosi ndi za m'mapiko. Adawerenganso kope.

"Mukutsimikiza, bambo Sixten? Akadakhala wina wolemba, ndikadang'amba tsambali."

"Zalembedwa pamenepo," adayankha iwo.

"Chaka chimodzi si umboni. Tione chaka chamawa."

Chaka chamawacho mphaka sadagwire thadzi lililonse. Stina adabwera, adaikira, adayamba kufungatira, ndipo mayi Gunborg, amene tsopano ankachita kunyamulidwa kupita pampando wa pawindo, adayamba kuwerenga masiku pakalendala. Apa ndisawakometsere. Ulendo woyamba tinganene kuti adapulumutsa mazira amasiye. Ulendo wachiwiriwu adaba. Adatenga awiri m'bokosi la nambala 4, awiri m'la nambala 30, limodzi m'la nambala 12, kwa amayi amoyo amene ankawalalatira ali panthambi. Adafufuta, nalemba, nakwirira, monga poyamba. Ana asanu adaswanso nauluka.

Mwezi wa Ogasiti, mbalame zitayamba kuchoka, mayi Ulrika adabwera masana ndi keke m'bokosi ndi mapepala m'chikwama. Adakhala patebulo atatu. Nkhope ya mayi Ulrika idali ngati ya mwana.

"Ndalemba," adatero. "Mwezi wamawa ndikawerenga pamsonkhano wa akatswiri. Thadzi la magazi osakaniza laswa zaka ziwiri zotsatizana. Palibe adazionapo. Ena ayamba kufunsa ngati malire a mitundu iwiriyi ndi olimba monga tinkanenera. Anzanga adzandiseka, ndikudziwa, koma ndidzawauza kuti ndili ndi mboni imene sidanamepo chibadwire. Taonani, dzina lanu lili apa, pafupi ndi langa."

"Mwamva, bambo?" adatero mayi Gunborg. "Woswa miyala m'buku la ophunzira! Stina naye mumulembe dzina, mayi, osati nambala."

A Sixten adayang'ana pepalalo. Dzina lawo lidali lolembedwa ndi makina. Adadziwa kuti akangokhala chete, mzimayiyu akaima pamaso pa anthu nkunena zabodza ndi mtima woyera, ndipo ena adzamangapo zaka zawo. Adadziwanso kuti akazi awo akhala kudzanja lawo lamanzere, akumva zonse. Akadatha kumuperekeza mayi Ulrika kuchipata nkumuuza kumeneko. Pambuyo pake Helmer adawafunsa chifukwa chimene sadachitire zimenezo, ndipo adati kunong'ona kuchipata likadakhala bodza lachitatu. Mwina ankanena zoona. Mwinanso pakamwa padangotseguka pokha, mtolo utawalemera.

"Musakawerenge, mayi," adatero. "Mazirawo sadali ake."

Adafotokoza zonse mwadongosolo, monga ankalembera m'kope: tsiku, nambala ya bokosi, kuchuluka kwa mazira, pamene adakwirira. Sadapemphe chikhululukiro, ndipo sadatchule chifukwa. Mayi Ulrika adafiira, kenaka adatuwa.

"Nanga zaka zinazo? Mabokosi enawo?"

"Zina zonse nzoona."

"Ndidziwa bwanji, bambo Sixten? Ndiuzeni, ndidziwa bwanji?"

Mayi Ulrika adasonkhanitsa mapepala awo. Pakhomo adaima, nayang'ana mayi Gunborg, ndipo zikuoneka kuti mpamene adamvetsa chifukwa chija, pakuti mawu awo adafewa potsanzika. Koma kope adalisiya patebulo, ndipo zonse za m'nkhalango ya a Sixten, za zaka zisanu, adazichotsa m'kafukufuku wawo.

Atatsala awiri, mayi Gunborg adayamba kusalaza nsalu ya patebulo ndi dzanja. A Sixten adayembekeza kulira, kapena kunenedwa kuti wabodza. Adali okonzeka kuvomera.

"Adawadyetsa bwino?" adafunsa mayiwo.

"Ndani?"

"Stina. Ana a eniwo. Adawadyetsa bwino?"

"Onse khumi adauluka. Olemera kuposa a m'mabokosi ena."

"Adawasala? Adati awa si magazi anga?"

"Ayi."

"Anawo adamukana?"

"Mbalame sidziwa zimenezo, Gunborg."

"Inu mumadziwa." Adawayang'ana m'maso. "Ndiye mudatha, bambo. Mudatha kunyamula ana a eni pachifuwa panu nkukawaika m'chisa cha chumba. Mudatha kunama m'mawa uliwonse kwa zaka ziwiri, osafa nazo. Mbalame mudaimvera chisoni."

"Ndidachitira iwe."

"Ine ndidakupemphani mwana, osati chithunzi cha pawindo. Berit pano ali ndi zaka makumi atatu ndi ziwiri. Chaka chilichonse ndimamuwerengera. Mwina ali ndi ana ake. Akadakhala pampando uwo lero, akudula keke iyi."



"Tsekani katani," adatero mayi Gunborg. "Kuwala kukundipweteka m'maso."

Sadakanganenso. Mayiwo sadali munthu wosunga mkwiyo poyera. Ankawathokoza a Sixten akawabweretsera khofi, ankawakumbutsa kuvala sikafu, nthawi zina ankaseka nthabwala za Helmer. Koma adapempha kuti mpando wawo usunthidwe kupita pafupi ndi mbaula, ndipo katani ya windo lija idakhala chitsekere. A Sixten adalemba makalata atatu ku Kalmar kufunsa za Berit. Nyumba ya ana amasiye ija idali itatsekedwa kale, ndipo yankho limene lidabwera lidati nkhani za ana otengedwa siziperekedwa kwa anthu amene si abale. Sadawauze akazi awo za makalatawo, poti padalibe chowauza.

Mayi Gunborg adamwalira pa 19 Malichi 1987, chipale chofewa chisadasungunuke. Mlongo wa Helmer, amene adabwera kudzathandiza kusankha zovala za maliro, adapeza kadiresi kabuluu pansi pa bokosi, nafunsa kuti nka yani. A Sixten adati nka mwana wawo. Mayiyo adawadziwa moyo wake wonse kuti alibe mwana, koma sadawatsutse. Kadiresiko kadalowa nawo m'manda.

Pa 6 Meyi Stina adabwera. Kwa mbalame yotero zaka zinayi ndi ukalamba, koma adamanga chisa, naikira mazira asanu. A Sixten adawalemba manambala ngakhale kudalibenso wowerenga kope lawo. Helmer adawapeza atakhala pampando uja, umene adaubweza pawindo, katani itatsegulidwa.

"Akulu," adatero Helmer, ndipo ulendo uno sadati a Pulofesa, "m'bokosi la kuseri kwa khola langa muli mazira asanu ndi awiri. Achuluka. Mutatengapo awiri, ndani angadziwe? Kope lanu lidafa kale. Mbalameyo yalakwa chiyani?"

A Sixten adayang'ana panja. Stina adatuluka, adawakha kanthu m'malere, nathamangira m'bokosi.

"Amene ndimayenera kumupatsa adapita," adatero. "Ndikampatsa uyu lero, ndiye kuti ndikudzikhululukira ndekha."

Adakhala pawindopo tsiku ndi tsiku, mpaka Stina adatopa pa tsiku la makumi awiri ndi chisanu ndi chinayi. Chaka chotsatira sadabwerenso, ndipo m'bokosi 23 mudalowa mbalame zina.

A Sixten adakhalanso ndi moyo zaka zisanu ndi chimodzi. Mabokosi ankawatsukabe mwezi wa Okutobala uliwonse, mpaka makwerero adawakanika. Kope lawo lili kwa ana a Helmer. Masamba awiri abodza aja sadawang'ambe. Adajambula mzere umodzi wowongoka pa mawu abodzawo, oti munthu nkuwawerengabe, nalemba zoona pambali pake ndi pensulo yomwe ankalembera mazira. Pa tsamba la 1987 palembedwa kuti: bokosi 23, Stina, mazira 5, oswa palibe. Ndi malo okhawo m'kope lonselo pamene mbalame idalembedwa dzina.